Michael Grzimek: Zomwe Kamera Imaona ndi Zomwe Imasiya

Kwathu ndi ku Ulongwe m'boma la Balaka. Munthu ukawoloka mtsinje wa Shire umalowa m'nkhalango ya Liwonde, m'boma la Machinga, komwe azungu amabwera ndi makamera kudzajambula njovu. Ndili mwana ndinkadabwa kuti njovu zomwe zinkatithera chimanga usiku n'zomwenso alendowa ankazisirira masana. Kudabwa kumeneku n'komwe kwandichititsa kulemba za Michael Grzimek, katswiri wojambula makanema a zochitika zenizeni wa ku Germany.

Michael anabadwa mu 1934 ku Berlin. Bambo ake, a Bernhard Grzimek, anali mkulu wa malo oonetserako nyama ku Frankfurt. Awiriwa anatulutsa kanema wawo wotchuka woyamba mu 1956, wodandaula kuti nyama zakutchire zikusowa pokhala mu Africa. Kenaka anapita ku Serengeti, m'dziko la Tanganyika, lomwe lero ndi mbali ya Tanzania, pa kandege kopakidwa mizeremizere ngati mbidzi. Ali m'mwamba ankajambula ndi kuwerenga nyumbu, mbidzi ndi nyama zina. Anapeza nyama pafupifupi 367,000, pomwe anthu ankaganiza kuti zilipo miliyoni.

Pa 10 Januwale 1959 kandegeko kanawombana ndi muimba n'kugwa. Michael anafera pomwepo ali ndi zaka 24, ndipo anaikidwa m'mphepete mwa chigwa cha Ngorongoro. Kanema yemwe ankajambulayo, Serengeti darf nicht sterben, kutanthauza kuti Serengeti isafe, analandira mphoto ya Oscar mu 1960.

Choyamba chomwe ndaphunzira n'chakuti chithunzi chili ndi mphamvu. Anthu a ku Ulaya omwe sanapondeko mu Africa anayamba kusonkha ndalama zotetezera nyama ataonera kanemayu. Chachiwiri n'chowawa. M'chaka chomwecho cha 1959, Amasai anasamutsidwa ku Serengeti kuti nkhalango itsale ya nyama zokha, koma mtima wa kanemayu unali pa nyama. Wojambula amasankha kolozetsa kamera, ndipo chomwe wachisiya kumbali woonera amachiyesa kuti kulibe.

Nkhalango ya Liwonde inakhazikitsidwa mu 1973, ndipo bungwe la African Parks linayamba kuiyang'anira mu 2015. Mikango inabwezeretsedwa mu 2018, ndipo mu 2022 njovu 263 zinasamutsidwira ku Kasungu. Zonsezi zinajambulidwa mokongola. Koma agogo anga, omwe ankachezera kuwomba chitini m'munda kuingitsa njovu, sindinawaonepo pa kanema aliyense.

Sindikunyoza ntchito ya Michael. Anaitayira moyo, ndipo nyumbu zikuyendabe ku Serengeti. Pempho langa kwa ophunzira anzanga ndi lakuti, popeza lero foni iliyonse ili ndi kamera, tijambule njovu pamodzi ndi mlimi woyandikana nayo, akulankhula yekha m'Chichewa kapena m'Chiyao. Tikapanda kutero ife eni ake, nkhani ya Liwonde idzakhala yosakwanira.