SIKELO YOYEZA MTIMA WA MAYI

Phunziro la za umoyo kwa anthu a kumidzi ndi aphunzitsi

Mayi wapakati akapita ku sikelo, anamwino amuyeza kulemera kwake, amuyeza kuthamanga kwa magazi, namvetseranso kugunda kwa mtima wa mwana ali m'mimba. Zonsezi tizidziwa bwino. Koma ilipo nthenda ina imene sikelo ya chitsulo singathe kuiona, ndipo ngakhale kutenga magazi sikuionetsa ayi. Njira yoipezera ndiyo kufunsa mafunso. Mwezi uno tifuna kukufotokozerani za mafunso amenewa, kuti tsiku limene mkazi wanu, mlongo wanu kapena inu nomwe mudzafunsidwa, mudzayankhe zoona, mosaopa.

1. Nthenda yake ndi yotani?

Pa Chingerezi aitcha depression. Kuno kwathu ena ati matenda a nkhawa, ena ati kukhumudwa, ndipo ambiri angoti, "Uje ali kuganiza kwambiri." Mayi wodwala nthendayi akhala wachisoni masiku ambiri otsatizana. Zimene zinali kumkondweretsa kale, monga kucheza ndi anzake pamtondo kapena kuyimba kwaya, sizimkomeranso. Alira yekha, tulo sabwera ngakhale mwana ali m'tulo, ndipo adziyesa wachabe ndi wolephera kulera.

Tisasokoneze nthendayi ndi kachisoni kamene kagwira amayi ambiri m'chikuta, patapita masiku 3 kapena 5 chichirire. Kameneko katha kokha masabata awiri asanakwane. Chisoni chikapitirira pamenepo ndi kumlepheretsa mayi ntchito zake, ndiye kuti pafunika chithandizo.

Bungwe loona za umoyo pa dziko lonse, la WHO, liti m'maiko osauka amayi apakati pafupifupi 16 mwa 100 alionse, ndi amayi ochira kumene pafupifupi 20 mwa 100, ali ndi vuto la maganizo, makamaka limeneli. Kunena kwina, pa amayi 5 okhala pa benchi ndi makanda awo, mmodzi angakhale ali kuvutika chamumtima.

Zoiyambitsa ndi zambiri: kusintha kwa m'thupi, umphawi, nkhanza za m'banja, mwamuna wokana mimba, kutenga pakati uli mwana, kupita padera, imfa ya khanda, kapena kumva kuti uli ndi kachilombo ka HIV. Si ufiti, si ulesi, ndiponso si chilango. Ikalekereredwa, mayi aleka kupita ku sikelo ndi kumwa mankhwala, ndipo mwana wake angathe kukula monyentchera.

2. Chifukwa ninji pafunika mafunso olembedwa?

Mkazi wa kwathu aphunzitsidwa kupirira. Mukamfunsa kuti, "Muli bwanji?" ayankha, "Ndili bwino," ngakhale wagona ndi misozi. Namwino naye ali ndi mzere wautali panja, ndipo sangathe kudziwa za mumtima poyang'ana nkhope. Chifukwa chake akatswiri anakonza mafunso ochepa, ofanana kwa mayi aliyense, kuti pasakhale wodumphidwa.

Odziwika koposa anakonzedwa ku Scotland ndi Dotolo John Cox pamodzi ndi Jeni Holden ndi Ruth Sagovsky, nasindikizidwa mu 1987. Dzina lake ndi Edinburgh Postnatal Depression Scale, mwachidule EPDS. Ena ati iyi ndi nthenda ya Azungu. Iwowa adziwe kuti Dotolo Cox yemweyo anayamba kufufuza za maganizo a amayi apakati ali ku Uganda, m'zaka za m'ma 1970, ndipo anaipeza nthendayi pakati pa amayi a kumidzi a kumeneko.

3. Mafunsowo ayenda bwanji?

Alipo 10, ndipo onse afunsa za masiku 7 apitawo, osati za lero lokha. Afunsa ngati mayi wakhala akutha kuseka ndi kuyembekeza zinthu mokondwa. Ngati adziimba mlandu popanda chifukwa. Ngati ali ndi nkhawa kapena mantha osadziwika kochokera. Ngati zinthu zili kumkulira. Ngati chisoni chimlanda tulo kapena kumliritsa. Lomaliza lifunsa ngati ganizo lodzipweteka yekha linamfikirapo.

Taonani kuti palibe funso la kutopa kapena la kudya. Anachita dala, pakuti mayi aliyense wapakati atopa, ndipo aliyense woyamwitsa adzuka usiku. Akadaika zimenezo, amayi abwinobwino akadaoneka ngati odwala.

Funso lililonse lili ndi mayankho 4, ndipo yankho lililonse lili ndi nambala yake, kuyambira 0 kufikira 3. Yankho loonetsa vuto lalikulu ndilo litenga nambala yaikulu. Potsiriza namwino aphatikiza zonse, sizingapitirire 30. Tiyese chitsanzo. Mayi wina wapeza 2 pa mafunso 6, wapeza 1 pa mafunso 2, ndi 0 pa awiri otsalawo. Zonse pamodzi zikwana 14. Olemba aja anapeza kuti nambala 13 kapena kuposa ionetsa kuti mayi ayenera kuonedwa bwino ndi wodziwa. M'maiko ena malire awa atsitsidwa kufika pa 10 kapena 11, molingana ndi zimene anapeza poyesa mafunsowo pa anthu a kumeneko.

Koma funso la 10 lili ndi lamulo lakelake. Mayi akavomera kuti anaganizapo zodzipweteka, ayenera kuthandizidwa tsiku lomwelo, ngakhale nambala zina zonse zikhale 0.

Ntchito yonseyi itenga mphindi ngati 5. Mayi wosadziwa kuwerenga asade nkhawa: wa zaumoyo amuwerengera, ali awiri okha. Mwamuna kapena apongozi asamuyankhire.

4. Mafunso a mitundu ina, ndi za kuno kwathu

Alipo enanso. A SRQ-20, okonzedwa ndi WHO, ndi mafunso 20 oyankha "inde" kapena "ayi", ndipo afunsa za masiku 30 apitawo. M'menemo muli ndi za m'thupi, monga mutu ndi kusagaya bwino chakudya. A PHQ-9 ndi mafunso 9 a za masabata awiri. Ku Britain azamba ayamba ndi mafunso awiri okha: lina la chisoni ndi kutaya mtima, lina la kusakondwa ndi zinthu, m'mwezi wapitawo.

Mafunso sangotembenuzidwa m'chinenero china ndi kuyamba kugwira ntchito pomwepo. Mawu omveka bwino ku Edinburgh angamveke mwina ku Thyolo. Choncho ayamba ayesedwa: amayi ayankha mafunsowo, kenaka katswiri akambirana nawo mofatsa, kuti aone ngati pepala linalozadi odwala enieni. Dotolo Robert Stewart ndi anzake anayesa motero SRQ ya m'Chichewa pa amayi a ana aang'ono ku Thyolo, nalengeza zotsatira mu 2009. Mu 2013 analengeza za EPDS ndi SRQ zimene anaziyesa pa amayi apakati ku Mangochi. Tsono mafunsowa alipo m'chinenero chathu, ndipo anayesedwa pa amayi athu.

Mu 2022 WHO inalangiza maiko kuti amayi ochira kumene azifunsidwa mafunso oyesedwa otere, ndi kuti pakhalenso chithandizo cha opezeka ndi vuto. Si zipatala zonse zimene zayamba kutero. Ngati kwanuko safunsa, musadikire. Akulu anati, wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Nenani nokha kwa namwino kapena kwa mlangizi wa zaumoyo wa m'mudzi mwanu.

5. Pepala ndi lichero, si woweruza

Apa mpofunika kumvetsa. Mayi akapeta chimanga ndi lichero, sikuti watsiriza ntchito. Ayamba wayang'ana ndi maso, nasankha ndi manja. Mafunsowa ali chimodzimodzi. Angopatula amene ayenera kuonedwanso.

Nambala yaikulu sitanthauza kuti mayi wapenga, kapena kuti alandidwa mwana. Mwina sabata imeneyo kunali maliro kapena ndewu pakhomo, ndipo akafunsidwanso patapita masabata awiri nambala itsika. Nambala yaing'ononso si umboni wakuti zonse zili bwino, pakuti wobisa apeza 0. Wonena kuti iyi ndi nthenda kapena ayi ndi wachipatala amene wakhala pansi ndi mayiyo ndi kumva nkhani yake yonse. Ndi chifukwa chake tikuti, yankhani zoona. Wonamiza pepala adzinamiza yekha, ndipo abwerera kunyumba ndi katundu yemwe anadza naye.

Ndiponso kufunsa kamodzi sikukwana. Nthendayi ingayambe mimba ili yaing'ono, ingayambenso mwana ali ndi miyezi ingapo.

6. Chithandizo chilipo

Nthendayi ichiritsika. Ambiri achira ndi uphungu, ndiko kukambirana kawirikawiri ndi munthu wophunzitsidwa, amene athandiza mayi kumasula mavuto ake limodzilimodzi. Sikuti achite kukhala dotolo. Ku Pakistan alangizi a zaumoyo a m'midzi anachita ntchitoyi bwino, ndipo mu 2015 WHO inatulutsa buku la njira yawoyo lotchedwa Thinking Healthy. Ku Zimbabwe, agogo aakazi ophunzitsidwa apereka uphungu pa mabenchi a pa chipatala, ntchito imene anaiyambitsa Dotolo Dixon Chibanda.

Odwala kwambiri apatsidwa mankhwala. Alipo amene mayi angamwe ali ndi pakati kapena akuyamwitsa, koma wosankha ndi wachipatala. Musagule nokha, ndipo musaleke kumwa popanda kufunsa.

Zizindikiro izi ndi zangozi: mayi akanena zodzipha kapena zopweteka mwana, akamva mawu kapena kuona zinthu zimene ena saziona, akasokonezeka ndi kukhala masiku osagona. Kusokonezeka kotere kugwira mayi mmodzi kapena awiri mwa 1,000, kawirikawiri m'masabata oyamba atachira. Musamsiye yekha, musam'mange, musataye nthawi ndi kuombeza. Pitani naye kuchipatala msanga pamodzi ndi khandalo.

7. Mbali yanu

Inu abambo, perekezani akazi anu ku sikelo, koma nthawi ya mafunso muwasiye alankhule okha. Tungani madzi, nyamulani mwana, kuti mayi agoneko. Inu apongozi ndi anamkungwi, mawu akuti "limba mtima, tonse tinabereka" atseka pakamwa pa wodwala, yambani mwamva. Inu mafumu ndi akulu a mipingo, letsani mchitidwe woseka odwala maganizo. Mutu umodzi susenza denga.

Aphunzitsi awerengere phunziroli makolo pa msonkhano wa sukulu, ndi kuwafunsa mafunso awa:

(a) Kodi kachisoni ka m'chikuta kasiyana bwanji ndi nthenda imene taphunzirayi?
(b) Mayi wapeza nambala 4 yokha, koma wavomera funso la 10. Achite chiyani wa zaumoyo?
(c) Chifukwa ninji tafanizira mafunsowa ndi lichero?
(d) M'mudzi mwanu, mayi wovutika maganizo angayambe kuuza yani?

Mukatha kuwerenga, patsirani mnzanu nyuzi ino, ndipo muwerengereni amene sadziwa kuwerenga.