Ng'ombe Yopanda Kalata

Nkhondo ya ku Mozambique itatha mu 1992, anthu a ku Macanga ndi Tsangano adabwerera kuchokera ku Malawi n'kupeza makola ali gwa! Ziweto zimene mukuziona lero ku Chidzolomondo adaziyamba ndi thukuta la fodya ndi mbatata ya kachewere. Kuno ng'ombe ndiyo imakoka ngolo, imapereka ndowe za kumunda, imalipira sukulu ndi malowolo. Woba ng'ombe amaba zonsezi usiku umodzi.

Mlimi wina kumeneko adalandira foni madzulo. Anyamata awiri anali ndi ng'ombe yapangolo yonenepa, mtengo wake theka la wa pamsika. Kalata ya mfumu analibe, ya alangizi a ziweto analibenso. Iye adadziwa bwino tanthauzo la zimenezi, koma mtima wa phindu udamugonjetsa. Adatumiza ndalama pa M-Pesa, ndipo anyamata aja adamuthandiza kulowetsa ng'ombeyo m'khola. Ali momwemo anyamatawo adawerenga ziweto zake, adaona pamene mpanda udafooka, adaonanso kuti galu wake ndi wokalamba.

Mvula yoyamba itagwa, mlimiyo adadzuka n'kupeza mipiringidzo ili pansi. Ng'ombe zonse zidapita, ndi yogula ija yomwe. Kupolisi ku Furancungo sakadapita, poopa kufunsidwa za ng'ombe yopanda kalata. Chaka chimenecho adasenza manyowa pamutu, fodya adamunyamula pa ngolo yobwereka, ndipo mwana wake adalekezera sukulu panjira.

Mbava za lero zimayenda pa njinga zamoto, zimapangana pa foni, ndipo ng'ombe zimaiphera kutchire kuti kukamacha ikhale nyama yopanda chikopa chozindikirira. Ng'ombe zina zimadutsa njira zachidule za m'malire kulowera ku Ntcheu kapena ku Dedza, n'kumafalitsanso matenda a zilonda za m'kamwa ndi m'mapazi. Koma zonsezi zimatheka chifukwa pali wogula amene safunsa.

Choncho, abale anga, musagule ng'ombe usiku. Funsani kalata, funsani mudzi umene yachokera, ndipo muitane mboni. Ziweto zanu muziike chizindikiro, mfumu izidziwe. Mukamva mkuwo kukhola la mnansi, tulukani, pakuti chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Ndipo nyama ikatsika mtengo modabwitsa pamsika, musatulutse ndalama musanadziwe khola limene yachokera.