Omasulira Obisika M'kati mwa Kompyuta

M'chaka cha 2017, pamene boma, kudzera ku nthambi yake ya National Registration Bureau, linalemba nzika za zaka 16 ndi kupitirira kuti zilandire chiphaso cha unzika, othyola tiyi a ku Satemwa, Naming'omba ndi Makwasa, pamodzi ndi abale awo a m'midzi ya Thyolo, anaima pamzere pamaso pa alembi amene anadza ndi bokosi la zipangizo: kompyuta ya m'manja, kamera, ndi kagalasi kogonekapo zala. Munthu ankakhala pampando, namuuza kuti awongole khosi, ndipo asanaphethire kawiri nkhope yake inali itatulukira pa kompyuta. M'dziko lonse analembedwa anthu oposa 9 miliyoni. Lero, amayi ndi abambo, tiphunzira njira imene nkhopeyo inadzera, pakuti safunsa anadya phula.

Tiyambe ndi sikana, makina ojambula mapepala amene mumawaona mu ofesi ya kalaliki. Mukavundukula chivundikiro ndi kugoneka chiphaso chanu chafufumimba pagalasi, nyali yaitali imayenda pang'onopang'ono kunsi kwa galasilo. Pepala loyera limabweza kuwala kochuluka, inki yakuda imabweza kochepa, ndipo tizipangizo tomva kuwala, tondandalikana m'mbali mwa nyaliyo, timayesa kadontho kalikonse ndi kukapatsa nambala yake. Pa kalata wamba, madontho 300 pa inchi imodzi amakwanira kuti zilembo ziwerengeke bwino. Kamera nayo imachita chimodzimodzi, kungoti imalandira chithunzi chonse nthawi imodzi kudzera pa diso lake. Chotero chimene chimayenda m'chingwe cha USB kunka ku kompyuta si chithunzi ayi, koma mtsinje wa manambala.

Apa ndi pamene pagona nkhani. Makampani opanga makinawa, monga Canon, Epson ndi HP, aliyense ali ndi kalankhulidwe kake kolamulira nyali ndi kotumizira manambala, ndipo pulogalamu imene kalaliki watsegula siingathe kudziwa malilime onsewo. Akuluakulu amakumbukira kuti kale, pamene Alomwe ochokera ku Mozambique anadzagwira ntchito m'minda ya tiyi, mwini munda ndi wantchito sakanamvana popanda kapitawo woima pakati, wotenga mawu uku ndi kuwatula uko. Mu kompyuta ntchito yomasulirayi imagwiridwa ndi pulogalamu yaing'ono yotchedwa driver, yolembedwa ndi kampani imene inapanga makinawo, ndipo driver imeneyi imadalira mafayilo ena osungidwa m'kati, amene pa kompyuta za Windows maina awo amathera ndi zilembo zitatu, DLL.

Fayilo ya DLL ndi mpukutu wa malangizo olembedwa kale, monga akuti yatsa nyali, yamba apa, lekeza apo, sonkhanitsa madontho akhale chithunzi. Siyidziyendetsa yokha, ndipo ngakhale mutaidina siingakuonetseni kanthu. Imangokhala chete kufikira pulogalamu ina itaiitana, ndipo mapulogalamu ambiri amabwereka fayilo imodzi yomweyo, kuti wolemba pulogalamu yatsopano asavutike kulembanso zimene anzake anatsiriza kale. Ine ndimaona nzeru yaikulu m'makonzedwe amenewa, pakuti mutu umodzi susenza denga.

Kumvana kotere kunachita kupanganidwa. M'chaka cha 1992 makampani angapo, pakati pawo Kodak, Hewlett-Packard ndi Logitech, anakhazikitsa pangano lotchedwa TWAIN, kuti pulogalamu iliyonse ipemphe chithunzi kwa sikana iliyonse m'mawu amodzi. Ndicho chifukwa chake m'kompyuta zambiri mumapezeka fayilo ya dzina lakuti twain_32.dll. M'chaka cha 2000 a Microsoft anawonjezera njira yawoyawo yotchedwa WIA, yotumikira makamera ndi masikana omwe. Ogwiritsa ntchito Linux ali ndi yawo, SANE.

Tsono tsiku lina mudzapita ku ofesi ndi kalata ya kuchipatala kapena mapepala a penshoni, mutasiya dengu lanu kumunda, ndipo kalaliki adzakuuzani kuti kompyuta siikuiona sikana. Musafulumire kumuyesa waulesi, kapena kuganiza kuti makinawo afa. Poyamba aone ngati chingwe chalowa bwino ndi ngati magetsi akufika. Kenaka azimitse kompyuta ndi kuiyatsanso. Zikakanika, kawirikawiri vuto limakhala lakuti driver palibe, kapena fayilo ina ya DLL yaonongeka ndi vairasi, kapena wina anaifufuta pofuna malo osungira nyimbo, poiyesa chinyalala chifukwa sanaidziwe dzina. Nthawi zinanso sikana yakale imakana kompyuta yatsopano popeza kampani inaleka kuilembera driver, ngakhale nyali ndi galasi zili bwinobwino, chinthu chimene chimandiwawa mtima ndikaganizira ndalama zimene masukulu ndi mipingo yathu imasonkha kuti igule makina otere.

Mankhwala ake ndi kuikamo driver yonse mwatsopano, kuchokera pa CD imene inabwera m'katoni, kapena ku tsamba la pa intaneti la kampani yeniyeniyo, mutawerenga bwino dzina ndi nambala zolembedwa pa makinawo. Koma ndikudandaulirani, inu amene muli ndi ana odziwa kompyuta, muwachenjeze kuti asatole fayilo ya DLL imodzi yokha pa masamba osadziwika amene amaigawa mwaulere, chifukwa akuba amabisamo mavairasi, ndipo kompyuta yosunga ziphaso ndi malipiro a anthu ikalowedwa, zinsinsi za mudzi wonse zimatuluka. Pobwera sabata yamawa, aliyense atenge chiphaso chake, kuti tidzayese kuchigoneka pagalasi ndi manja athu.