Kulemba Mbiri ya Woimba wa M'mudzi: Phunziro la Sitandade 7

Ife aphunzitsi timaphunzitsa ana mbiri ya mafumu ndi ya nkhondo, koma kaŵirikaŵiri timaiŵala anthu amene amaimba m'midzi mwathu. Woimba akamwalira wosalembedwa, nyimbo zake zimatsala m'kamwa mwa anthu, pamene dzina lake limaloŵa naye m'manda.

Chitsanzo Choyambira

Tiyambe pouza ana za Gerhard Kubik, katswiri wa za nyimbo wobadwira ku Vienna mu 1934. Mu 1967 iye anakumana ndi anyamata aŵiri apachibale akuimba m'misewu ya Blantyre, Daniel ndi Donald Kachamba, a m'mudzi wa Singano kufupi ndi Chileka. Daniel ankaimba gitala, Donald chitoliro, ndipo nyimbo zawo zinali za kwela. Kubik sanangojambula mau awo ayi. Anawafunsanso za kumene anakulira, za amene anawaphunzitsa ndi za kamangidwe ka nsambo za gitala, ndipo mu 1974 buku lake lonena za gulu lawo linasindikizidwa ku Zambia. Daniel anamwalira mu 1987 ali ndi zaka 40, Donald mu 2001. Zambiri zimene tikudziŵa za iwo tikuzidziŵa chifukwa wina anafunsa iwo akali moyo.

Ntchito yotere njolemekezeka ngakhale kunja. Ku Finland, Erik Tawaststjerna anatha zaka zoposa 20 akulemba mbiri ya Jean Sibelius, wopeka nyimbo wa dziko lawo, m'mabuku asanu.

Kaphunzitsidwe

Tiyerekeze kuti sukulu yathu ili ku Kabwazi, m'boma la Dedza.

1. Ana atchule anthu a m'midzi yawo odziŵa kuimba ng'oma, kaligo kapena bangwe, ndiponso amayi otsogolera nyimbo za chimtali.

2. Mphunzitsi apite yekha poyamba kukapempha chilolezo kwa anyakwaŵa ndi kwa mwini wakeyo.

3. Ana akonze mafunso asanu achidule, monga aŵa: Munabadwira kuti? Anakuphunzitsani ndani? Nyimbo iyi munaipeka chifukwa chiyani?

4. Apite m'magulu a anayi anayi. Mmodzi azifunsa, aŵiri azilemba, wina ajambule choimbiracho.

5. Pobwera, gulu lililonse liŵerenge zimene lalemba. Ngati aŵiri alemba zosiyana, tisawaŵeruze ife, koma abwerere akafunsenso. Apa ndi pamene ana amaphunzira kusiyanitsa chomwe amva ndi chomwe angoganiza.

Chenjezo

Kuno ndi kwa Acheŵa. Ana asafunse za kudambwe kapena zinsinsi za Gule Wamkulu, pakuti funso limodzi lolakwika lingathe kudanitsa sukulu ndi mudzi wonse.

Pomaliza

Mbiri ikalembedwa bwino, ana akamuŵerengere mwini wake kuti akonze polakwika. Tsamba limodzi lisungidwe kusukulu, lina lisiyidwe kwa banja lake. Tisadikire chaka chamaŵa, chifukwa okalamba ambiri amene tikuwafunaŵa sadzatidikira.