Kuyesa Yankho la Samu za Zigawo

Ku Wusakile, mudzi wa anchito a mgodi wa Nkana ku Kitwe, mai wina anali ndi 3/4 ya thumba la ufa, nafuna kugulitsa theka lace kwa mnansi. Mwana wace anacurukitsa 1/2 ndi 3/4, napeza 3/2. Maiyo anakana, pakuti 3/2 ndiyo thumba lathunthu ndi theka, ndipo ufa wotere m'nyumbamo munalibe. Yankho loona ndilo 3/8.

Lamulo lace ndi ili: nambala ikacurukitsidwa ndi cigawo cosafika pa 1, yankho licepa; ikacurukitsidwa ndi coposa 1, yankho likula, monga 8 × 1 1/2 = 12. Cifukwa cace wanzeru ayamba walinganiza yankho ndi nambala zimene anacurukitsa, asanalandire ndalama za mnzace.