Pakhonde pa Azakhali: Ku Lusaka n'kubwerako tsiku lomwelo? Mukaona mipando ya basi

Azakhali,

Ndine mnyamata wa zaka 24, mlembi wa kwaya ya achinyamata pampingo wina kuno ku Madzimoyo. Chaka chino tinalima nsawa ndi soya pamunda wa kwaya, ndipo titagulitsa tinagwirizana kuti aliyense awonjezereko kangachepe, tichite hayala basi, tikasangalale tsiku limodzi. Tilipo 30. Vuto ndi lakuti tagawikana. Ena, ataona pafoni kanema wa Gold Reef City ya ku Johannesburg, akuti tipite ku Lusaka tikafune malo a makatungwe ndi maiwe osambiramo. Ena akuti tipite ku Mfuwe tikaone nyama. Mlongo wina woimba alito wanena kuti nyama amaziona kale pa ndalama, ndipo ine ndikuona kuti akunena zoona. Tikufuna kunyamuka Loweruka mbandakucha n'kubwerako usiku womwewo chifukwa Lamulungu tikuimba. Ena sanalipirebe, akuti adzalipirira m'basi. Komanso mlongo wa alito uja amachita chizungulire paulendo, ndiye ndimaganiza zodzakhala naye pafupi kuti ndizimuthandiza. Mlongoyu amaimba bwino kwambiri. Ndichite bwanji?

Ine Mlembi wosowa tulo, Madzimoyo.

Mwananga Mlembi,

Kalata yako ndaiwerenga nditavala magalasi, ndavula, ndawerenganso. Anthu muli 30, koma m'kalatamo ndapezamo munthu mmodzi yekha amene ali ndi mawu, chizungulire ndi maganizo pa za ndalama. Enawo 28 kaya amaimba chiyani. Za mlongoyo tikambirana, usade nkhawa, koma tiyambe ndi msewu, poti msewu sudziwa kuti munthu ali m'chikondi.

Tenga cholembera, iwe si ndiwe mlembi? Kuchoka pa Madzimoyo kukafika ku Lusaka ndi makilomita oposa 500. Katete, Sinda, Petauke, Nyimba, kenako mapiri okhotakhota aja otsikira pa mlatho wa Luangwa, kukwera mpaka Rufunsa, Chongwe, ndiye muone nyumba zosanja. Basi yoyenda mwaulemu imatenga maola 8 kapena kuposa. Onjezapo amayi a soprano otsika pa Luangwa kukachita malonda a nsomba zouma ngati kuti ndiko komwe mumapita, onjezapo wina woiwala foni kuchimbudzi pa Nyimba. Mukanyamuka 5 koloko m'mawa, mukafika dzuwa litapendeka kale, njala ili m'maso. Kupita ndi kubwerera pamodzi ndi maola 16. Tsiku lili ndi maola 24, ndipo ngakhale mutasala kudya kwa sabata yathunthu, Mulungu sawonjezerapo. Kumbukanso kuti mu 2016 boma linaika lamulo loletsa mabasi onyamula anthu kuyenda usiku chifukwa cha ngozi, choncho usanalonjeze abusa kuti Lamulungu muimba, funsa a RTSA, oona za chitetezo pamsewu, maola amene basi ikuloledwa pamsewu masiku ano. Dalaiva mmodzi amene waumirira chiwongolero kuyambira tambala woyamba, iwe ukufuna atsike mapiri a Luangwa pakati pa usiku, ana a eni ake 30 ali kumbuyo kwake akuliza mkonono? Ayi mwanawe. Ndalama za soya zikathera dizilo, ndipo chimene mudzakumbuke bwino paulendo wonsewo ndi nkhongo ya amene anakhala kutsogolo kwanu.

Kanema amene wakuzunguzani mituyo ndi wa ku South Africa. Gold Reef City anaimanga pamalo pamene panali mgodi wa golide, ndipo tisitima tozondotsa anthu m'mwamba tija tili komweko, sitinasamukire pa Cairo Road. Ku Lusaka zosangalatsa zilipo ndithu: kuli Munda Wanga ku Chilanga, kuli Lusaka National Park imene inatsegulidwa mu 2015, ndiponso kumayambiriro a Ogasiti kumakhala chionetsero cha zaulimi ndi malonda ku Showgrounds, kumene ana amakwera zozungulira mpaka nsima ya dzulo kubwerera. Ngati mitima yanu yakakamira kumeneko, konzani ulendo wogona. Lemberani kwaya ya mpingo wanu ku Lusaka, akuyalireni mphasa mu holo, mukaimbe nawo Lamulungu, mubwerere Lolemba. Umenewo ndi ulendo wa masiku atatu, ndipo thumba lake si limeneli muli naloli.

Tsono tamvera za Mfuwe, kumene mlongo wako wa alito akukunyoza. Kuchoka ku Chipata ndi makilomita pafupifupi 130, msewu wa tala, kudutsa kwa Jumbe n'kutsikira kuchigwa, kwa anzathu Achikunda. Maola atatu sakwana. South Luangwa ndi paki ya masikweya kilomita 9,050, ndipo inakhala paki ya dziko lonse mu 1972. Kalekale mu 1950, Norman Carr anagwirizana ndi Mfumu Nsefu kuti apatule malo oti alendo aziona nyama m'malo mozipha, ndalama zake zizithandiza anthu a mfumuyo. Kuyambira pamenepo anthu amachoka ku London, ku Berlin ndi ku New York, kugona m'ndege, kulipira madola, kuti adzaone zimene iwe wa pa Madzimoyo ungazione n'kubwerera kukadya mgonero kwa amako. Ndipo pachipata mwini dziko amalipira zochepa kuposa mlendo wakunja, bola aonetse reji. Uwauze onse amene anakwanitsa zaka 16 kuti reji ikhale m'thumba, osati m'Baibulo kunyumba.

Nyama ya pa ndalama sipuma, mwananga. Ukangoima pa mlatho wolowera m'paki, pansi pako pali mvuu zitaunjikana m'madzi, makutu okha akugwedera, imodzi n'kuyasamula mpaka iwe kuiwala vesi yachiwiri. Pamchenga ng'ona zili gonee, kukamwa yasaa. Mukalowa mkati mupeza nswala, njati, mbidzi, njiri zothamanga mchira uli njo, ndi nyamalikiti za mtundu wa Thornicroft, zimene sizipezeka kwina kulikonse padziko lapansi koma m'chigwa cha Luangwa chokha. Mwayi ukakugwerani muona kambuku atadzipachika panthambi, miyendo ili lendee. Cha mu Novembala njovu zimalowa pakhomo lolandirira alendo pa Mfuwe Lodge, kudutsa pakauntala, kupita kukadya zipatso za mtengo umene uli pabwalo la malo ogonawo. Ukamuuze mlongoyo kuti andionetse ndalama imene imachita zimenezi.

Koma ulendo wa ku Mfuwe nawo uli ndi mwambo wake. Nyama zimaoneka m'mawa ndi madzulo. Masana zimabisala pamthunzi, zili ndi nzeru kuposa kwaya. Chipata cha paki chimatsegulidwa 6 koloko m'mawa, ndiye mukafika 11 koloko chifukwa wina amasita malaya, mukaona mitengo ndi ndowe. Nyengo yabwino ndi ya chilimwe, kuyambira Juni kufika Okutobala, pamene madzi aphwa m'madambo ndipo nyama zimasonkhana kumtsinje. Okutobala kuchigwa kumatentha mpaka madigiri 40, choncho madzi akumwa achuluke kuposa zakumwa zotsekemera. Nthawi ya dzinja tinjira tambiri ta mkati timatsekeka ndi matope. China: chibasi chachikulu si choyendera m'tinjira timeneto. Pitani mukafunsiretu ku ofesi ya nthambi ya boma yoona za nyama zakutchire, ya DNPW, za mitengo yolowera, za galimoto imene ikuloledwa, ndi za magalimoto opanda denga aja amene amayenda ndi munthu wodziwa tchire. Ndalama zake zilowe m'kaundula tsopano, osati mukadzidzimuke muli pachipata. Ngati yunifomu yanu ndi yabuluu kapena yakuda, isiyeni pachingwe, chifukwa kashembe amakonda mitundu imeneyo, ndipo akakuluma uimba mawu amene sali m'buku la nyimbo. M'galimoto satsika, nyama saipatsa chakudya, ndipo chikwama cha vitumbuwa chikhale chotseka, poti anyani a ku Mfuwe sadikira pemphero.

Tibwere ku ndalama, pamene makwaya ambiri amafera. Amene akuti adzalipirira m'basi ndikumudziwa. Amafika woyamba, amakhala pawindo, ndipo pofika pa Jumbe amakhala ali mtulo tofa nato. Ika tsiku lomaliza kulipira, sabata ziwiri ulendo usanafike, ndipo amene sanamalize mpando alibe, ngakhale akhale mwana wa mkulu wa mpingo. Ndalama usasunge wekha. Msungichuma agwire ndalama, iwe ugwire buku, wapampando asaine, ndipo Lamulungu lililonse mndandanda uziwerengedwa pamaso pa onse kapena uikidwe pagulu lanu la WhatsApp. Ndikunena izi chifukwa mnyamata amene mtima wake wayamba kuimba alito, foni yake ikakhala ndi ndalama za gulu, zala zimayamba kuyabwa. Lero tokutaimu, mawa kachitenje, mkuja dzina lako likutchulidwa pabwalo la akulu a mpingo.

Kwa mwini basi usapite wekha, ndipo za pakamwa usavomere. Mulembe papepala: nambala ya basi imene mwaiona ndi maso, mipando ingati, mtengo wonse, dizilo agula ndani, kudikirira ku Mfuwe kuli mumtengo womwewo kapena ayi, ndipo ikafera panjira atumiza ina kapena abweza zingati. Upemphe kuona inshuwalansi, pepala la fitinesi ndi laisensi ya dalaiva yonyamulira anthu. Gwada uyang'ane matayala, thalauza lidzachapidwa. Perekani theka poyamba, theka linalo mukatsika pa Madzimoyo muli amoyo. Mipando ikakhala 29, anthu akhale 29. Benchi ya kutchalitchi isakwere. Ana osakwana zaka 18 abwere ndi chilolezo cha makolo, ndipo mutenge amayi awiri achigwirizano ndi bambo mmodzi wamkulu. Ndaona nkhope yako yagwa pamenepa. Werengani mitu ponyamuka, potsika ndi pokweranso, ndipo nthawi yobwerera ikhale yoti dzuwa likalowe muli pafupi ndi kwanu.

Tsopano za wodwala wako. Chizungulire cha m'basi mankhwala ake ndi mpando wakutsogolo, windo lotsegula pang'ono, kuyang'ana kutali, kusiya foni, kudya mopepuka, ndi kapepala kapulasitiki m'manja. M'mabuku onse a zaumoyo simunalembedwe kuti pakhalenso mlembi wa kwaya pambali. Mpando umenewo ndaupereka kale kwa amayi achigwirizano. Iwe malo ako ndi pachitseko, buku m'manja. Mapanga awiri avumbwitsa: ukafuna kuyendetsa ulendo ndi kufunsira mbeta tsiku limodzi, udzasiya mwana wa eni ake pa Cropping ku Mfuwe akugula madzi, ndipo mbetayo idzakuona ukukalipiridwa. Ndiponso mkazi amene wangosanza kumene safuna kumva za tsogolo.

Koma ndikuuze chinsinsi, poti ndine azakhali ako. Atsikana amaona. Adzaona mnyamata amene basi yake inafika pa nthawi yake, amene anakana ngongole mosakalipa, amene anawerenga ndalama zotsala pamaso pa gulu mpaka ngwee yomaliza. Amayi achigwirizano aja nawonso adzaona, ndipo iwowo ndiwo wailesi ya mudzi. Ulendo ukatha, ngati mtima ukadali pomwepo, mulankhule mlongoyo masana, pamalo oonekera, ndi mawu ako osati a pa Facebook. Akavomera, ukauze atsibweni ako ayambe kupukuta nsapato. Akakana, kwaya musaiphwasule, uziimbabe tenala yako.

Chigamulo changa ndi ichi: ndi tsiku limodzi ndi ndalama za soya, pitani ku Mfuwe, Lusaka muisungire chaka chimene mudzakhale ndi pogona. Ndipo inu nonse a makwaya, a chilimba ndi a makomiti a sukulu amene mukukonza maulendo otere, muwerengere maola a pamsewu musanawerengere nkhuku zokazinga, ndipo munthu asakwere basi dzina lake lisanachongedwe m'buku.

Ndine Azakhali anu.