Kodi Kukhululuka Kokakamizidwa ndi Kukhululuka?

Ndifuna tiphunzirepo kanthu pa kanema wina amene ndinaonera pa tchuthi. Si sewero ayi, koma nkhani yoona yojambulidwa pamaso pa eni ake. Dzina lake ndi A Girl in the River: The Price of Forgiveness. Anaujambula mu 2015 ndi Mayi Sharmeen Obaid-Chinoy a ku Pakistan, amene amagwiritsa ntchito kamera pomenyera ufulu wa amayi. Mu 2016 kanemayu anapata mphotho ya Oscar.

Nkhani yake ndi ya mtsikana wa m'chigawo cha Punjab amene anakwatiwa ndi mwamuna wa kumtima kwake popanda chilolezo cha makolo. Bambo ake ndi mbale wawo anati wachititsa manyazi banja. Anamuwombera ndi mfuti, namuika m'thumba, namuponya mumtsinje. Mwamwayi chipolopolo chinangomuvulaza patsaya, ndipo anapulumuka.

Chimene chinandisautsa mtima si mfutiyo, koma zimene zinatsatira. Lamulo la dzikolo pa nthawiyo linkalola kuti wolakwa amasulidwe ngati wolakwiridwayo, kapena abale a wophedwa, amkhululukira. Tsono akuluakulu a m'deralo anayamba kumuumiriza mtsikanayo kuti akhululuke, poti mtendere pakati pa mabanja ndiwo wofunika. Iye anavomera kubwalo la milandu, koma nkhope yake inkaonetseratu kuti mtima sunavomere. Bambo aja anatuluka m'ndende osalapa konse, akunyadira kuti anthu ayamba kuwapatsa ulemu.

Apa ndinaona nzeru za wojambulayo. Sadzudzula munthu ndi mawu akeake. Amangosiya aliyense adziyankhulire, bambo omwe, ife n'kudzionera tokha. Nduna yaikulu ya nthawiyo, a Nawaz Sharif, inaonera kanemayu, ndipo mu Okutobala 2016 Nyumba ya Malamulo inasintha lamulo lija: wopha chifukwa cha "ulemu wa banja" azikhalabe m'ndende ngakhale abale amkhululukire.

Ife a m'seminale timaphunzira kuti pa sakramenti la kulapa pafunika chisoni chenicheni ndi kukonza cholakwa. Nanga m'nkhaniyi analapa ndani? Ena mwa ife, Mulungu akalola, tidzakhala ansembe. Tsiku lina mayi wotupa kumaso adzafika paparishi, ankhoswe ali pambuyo akunena kuti, "Bambo mfumu, muuzeni akhululuke, banja ndi kupirira." Ine ndatsimikiza kuti ndidzayamba ndapempha ankhoswewo kuti adikire panja, ndimve kaye mayiyo ali yekha.